Jezi ya Mlamu

Chikho cha hoke, masewera omenya kampira ndi ndodo pa ayezi, sichifuna munthu wa phuma. Chipulula chimayamba mu Epulo ndi matimu 16, chipale chofewa chikadali m'ngalande za msewu, ndipo pofika tsiku lonyamula chikhocho anthu amakhala atayamba kale kutchetcha kapinga n'kumadandaula za udzudzu. Ndime iliyonse amakupatsani timu imodzi, yomweyomweyo, kuti muzilimbana nayo lero, mawa kupuma, mkuja kulimbananso, kwanu ndi kwawo, mpaka wina apambane magemu anayi mwa asanu ndi awiri. Wogonja amalongedza n'kupita kukawedza nsomba. Wopambana, mabala asanaume n'komwe, amamupatsa timu ina. Ndime zoterezi zimakhala zinayi, ndipo zimadya miyezi iwiri yathunthu.

Chaka chimenecho timu ya Akadzidzi inafika m'ndime yotsiriza, ndipo Lyle Sawka anafika nayo, ngati kumeneko tingakutche kufika. Chiyambire chipulula anali asanavalepo jezi. Nyengo imeneyi ikayandikira, timu imaitanitsa osewera angapo a m'ligi yaing'ono kuti azingokhala tcheru, mwina wina n'kuthyoka. Anthu amawatcha anyamata a masuti, chifukwa tsiku la gemu amavala suti ndi tayi, n'kukwera pamwamba penipeni pa bwalo, pafupi ndi denga, n'kumatafuna mbuliwuli anzawo akutuluka thukuta pa ayezi pansipo.

Lyle sanali mnyamata ayi. Anali ndi zaka 36, wotchinga kumbuyo chakumanzere, mwana wa alimi a tirigu a ku Saskatchewan, munthu amene unyamata wake wonse unathera m'mabasi a maligi ang'onoang'ono. Ndevu za chipulula, zimene wosewera sameta timu yake isanatuluke, kwa iye zinamera ndi imvi, moti anzake ankamutcha Agogo. Bondo lake lakumanja linali litatha kalekale. M'mawa uliwonse ankalikulunga yekha m'bafa atakhoma chitseko, n'kutulukamo akuimba mluzu.

Chimene ankafuna chinali chimodzi chokha: dzina. Timu ikapambana, maina amawazokota pa chikho, koma osati a aliyense. Uyenera kukhala utasewera theka la magemu a chaka chonse, apo ayi uvale jezi ngakhale kamodzi m'ndime yotsiriza. Lyle anabwera mu Malichi, choncho khomo loyambalo linali lotseka. Linatsala lachiwirili. Gemu imodzi basi, ngakhale akanangolowa pang'ono n'kubwerera pa benchi, dzina la Sawka likanakhala pa chitsulo chija iye atapita kale. Ankalifuna dzinalo mpaka kuchita nalo manyazi, ndipo ankadziwa kuti chaka chamawa kwa iye kulibe, chifukwa thupi linali litamuuza kale.

Kuipa kwa moyo wa suti n'kwakuti mwayi wako ndi tsoka la mnzako. Ndipo malo okhawo amene Lyle akanalowa anali a Remi Doiron, mlamu wake. Remi anakwatira Kendra, mlongo wake wa Lyle wamng'ono. Anali wa kunyanja, ku New Brunswick, mwana wa asodzi, wamfupi, wachifuwa, wosadziwa kutseka pakamwa. Chibwerere mu Malichi, Lyle ankagona m'chipinda chapansi m'nyumba ya awiriwo, pakati pa makina ochapira ndi matayala a galimoto a nyengo yachisanu.

"Alamu, suti ija mwasita?" ankatero Remi m'mawa wa gemu iliyonse. "Musatichititse manyazi pa TV. M'banja muno ndinu nokha amene munalembedwa ntchito yodya mbuliwuli."

"Iwe uziyang'ana kumbuyo kwako, msodzi iwe," ankayankha Lyle. "Anthu akumakudutsa ngati mtengo wa magetsi."

Ankakondana motero, ndipo Kendra anali atasiya kalekale kuwaleretsa.

M'ndime yotsirizayo Akadzidzi anakumana ndi timu ya kumadzulo, ya zimphona zokhazokha. Gemu yachinayi inali kwawo kwa zimphonazo. Remi anathamangira kampira pa kona, mutu uli pansi, ndipo chimphona china chinamupeza cham'mbali. Mutu wake unagunda galasi la m'mphepete mwa bwalo. Anadzuka msanga, mwinanso msanga kwambiri. Ali pamwamba paja, Lyle anaona chimene anthu ambiri sanaone: mlamu wake anayamba kulunjika ku benchi ya adani, kenako n'kutembenuka. Madokotala anamutengera m'kachipinda n'kumufunsa mafunso awo aja, mwezi uno ndi uti, zigoli zili bwanji, tchula mawu amene ndanena aja. Koma osewera mafunso amenewa anawaloweza ngati katekisimu. Remi anabwerera pa ayezi, Akadzidzi anagonja, ndipo matimu onse awiri anakhala ndi magemu awiriawiri.

M'chipulula mulibe wodwala, umu ndi mmene zilili. Atolankhani akafunsa, kochi amangoti wakutiwakuti ali ndi kavuto kumtunda kwa thupi, kapena kumunsi, osatchula malo, chifukwa ukatchula nthiti, mawa adani adzabwera kudzapereka moni pa nthiti yomweyo. Kapiteni wa Akadzidzi ankasewera ndi chala chothyoka kuyambira m'ndime yachiwiri. Goloboyi ankalephera kumanga yekha zingwe za nsapato. Aliyense ankadziwa, palibe ankanena. Thupi la mnzako silako kulinena, ndipo munthu wochita zimenezo dzina lake limanunkha m'zipinda zosinthira zovala kuyambira kunyanja ino mpaka kunyanja inayo.

M'mawa wake atabwerera kwawo, Kendra anaphika mapankeki n'kuika botolo la manyuchi a mtengo wa mapulo patebulo. Kunja kunali dzuwa la Juni, maluwa a kumpanda akununkhira. Remi anakhala chofulatira zenera, kapusi atakokera pamaso, ndipo anapempha kuti atseke makatani.

"Ndege ikunyamuka nthawi yanji?" anafunsa.

Kendra anaseka. "Ndege yanji, bambo? Yachisanu mukusewera konkuno."

"Ndimakuyesani," anatero Remi, nayenso n'kuseka.

Noemie, kamwana kawo kakakazi, kanayamba kumenya supuni patebulo. Remi anatsinzina mwamphamvu, dzanja lake n'kuima m'malere ndi foloko. Patapita kanthawi anafunsa nthawi ya zokonzekera, Lyle anamuyankha, ndipo asanamalize khofi anafunsanso funso lomwelo. Koma chimene chinamuopsa kwambiri Lyle n'chakuti m'mawa wonsewo Remi sanamunyoze ngakhale kamodzi.

Popita ku bwalo ankayendetsa ndi Remi. Msewu umenewo anali atauyenda zaka zisanu, koma atafika pa mlatho pamene amakhotera kumanja, anangopitirira. Kutsogolo pang'ono anaimitsa galimoto m'mbali mwa msewu, natsegula chitseko, n'kusanza pa udzu.

"Ndi mapankeki a mlongo wanuyo," anatero akupukuta pakamwa.

"Sendera uko, ndiyendetse ine." Lyle anazungulira galimoto n'kukhala pa chiwongolero, koma sanailize. "Mlamu, ukuona bwino?"

"Ndikukuonani awiri, ndipo nonse ndinu osaoneka bwino."

Lyle sanaseke. "Upite kwa Dokotala Mehra."

"Ndikatani? Anandiyeza kale."

"Unawanamiza."

"Amanama ndani, samanama ndani? Inuyo bondo lanulo munauza ndani? Mumayesa sitikumvani mukamabuula pa masitepe?"

"Bondo ndi bondo, likatha amaikapo lachitsulo. Mutu ulibe sipeya. Tamvera, iwe dzina lako lilipo kale, wasewera chaka chonse. Tikapambana alemba, kaya uli pa ayezi kaya uli pabedi."

"Kulembedwa ndi kwa pamanda, alamu. Ine ndikufuna kusewera. Miyezi iwiri ndikutchinga kampira ndi nthiti zangazi, ndiye pamene zatsala pang'ono ndikagone? Ayi." Remi anatsamira mutu pa mpando, maso ali chitsinzinire, n'kupitiriza motsitsa mawu. "Ndiye tamverani. Mukakanena inuyo, jezi avale ndani? Si inu nomwe? M'chipinda muja anena kuti chiyani? Ati Agogo anapereka mlamu wawo kuti alowe. Ngakhale Kendra adzakuyang'anani kawiri."

Lyle analiza galimoto. Mawuwo anamulasa pamalo pamene panali kale bala. Kuchokera pamene anaona mlamu wake akulunjika ku benchi ya adani, mumtima mwake munali zinthu ziwiri. Chachikulu chinali mantha. Koma pambali pake panali kena kakang'ono, kosangalala, kamene kanayamba kuwerengera kuti ndani watsatira pamzere. Ankadana nako, koma kanalipo.

Pa zokonzekera Remi anathamanga bwinobwino, poti miyendo ya munthu amene anayamba kuterereka pa ayezi asanadziwe kuwerenga siidikira mutu. Akochi a Halvorsen anaima pakati ndi wezulo m'kamwa. Kaya anaona kanthu kaya sanaone, makochi m'chipulula maso awo amaona zimene akufuna. Osewera atatuluka, pa ayezi panatsala a masuti, kuthamangitsidwa uku ndi uku kuti mapapo asachite dzimbiri. Mmodzi wa iwo anali Tuomas, mnyamata wa ku Finland wosalankhulalankhula, nayenso wotchinga chakumanzere, amene pamzere anali pambuyo pa Lyle.

A Halvorsen potuluka anaima pafupi ndi Lyle. "Agogo, miyendo ikuti bwanji?"

"Ngati ya mwana, akochi."

"Ukhale pafupi," anatero, n'kumapita osatembenuka.

Masana amenewo Lyle anapeza Kendra kuseri kwa nyumba akuoka tomato, popeza chisanu chinali chitapita ndithu. Remi anali atagona m'chipinda chamdima. Kendra anakulira m'nyumba ya hoke. Anaona bambo awo akumwa supu ndi kapaipi nsagwada zili zomangidwa ndi waya, Loweruka lake n'kukasewera, ndipo anaphunzira kwa mayi awo kuti mkazi wa wosewera safunsa zambiri mu Meyi ndi Juni. Koma tsiku limenelo anafunsa, maso ali pa dothi.

"Achimwene, Remi ali bwino eti? M'mawa muja amasakasaka makapu m'firiji."

"Watopa chabe. Onse atopa."

"Zikanakhala zoopsa mukanandiuza, si choncho?"

"Ndikanakuuza," anatero Lyle.

Anatsikira kuchipinda chake n'kukhala pa makina ochapira. Anali atanamiza mlongo wake m'maso muli gwa, ndipo zinamuwawa kuposa bondo. Khoswe akakhala pa mkhate sapheka: kulikonse kumene akanamenya, china chikanasweka. Anakumbukira mnzake wina wa m'mabasi muja, amene anagundidwa kachiwiri mutu woyamba usanapole. Masiku ano mnzakeyo amasesa m'galaja ya mkulu wake, ndipo sapirira ngakhale phokoso la wailesi.

Ndipo panali chinanso, chimene Lyle anachiyang'ana bwinobwino masana amenewo. Kungokhala chete kukanamupatsa zonse. Remi akanalowa gemu yachisanu, zimphona zija zikanamupeza, poti munthu woona ziwiriziwiri sadziwa kothawira, akanamutulutsa atamugwirira, ndipo jezi ya gemu yachisanu ndi chimodzi ikanabwera kwa Lyle yoyera, popanda womuloza chala. Anthu akanati Agogo anadekha, mwayi wawapeza. Zonsezi zinkangofuna kuti iye asachite kanthu, ndipo kusachita kanthu ndi ntchito imene anaizolowera miyezi iwiri yonseyo.

M'mawa wa gemu yachisanu anadzuka anzake asanadzuke, nakwera basi ya m'tauni. Bondo sanalikulunge. Anapeza Dokotala Mehra ali okha m'chipinda chawo pansi pa bwalo, akumwa tiyi. Anali mayi wodekha, amene anakhala ndi timuyo zaka zambiri akumvetsera mabodza a amuna akuluakulu.

"A Sawka, mwasochera? Chibwerere simunapondemo muno."

Lyle anakhala pa bedi loyezera n'kupinda buluku. Bondo linali litatupa ngati dzungu, mtundu wake wosadziwika bwino. Dokotala anaika kapu pansi. Analigwira, analipinda, analikankhira uku ndi uku, ndipo linapita kumene bondo siliyenera kupita.

"Lakhala chonchi kuyambira liti?"

"Cha m'Khirisimasi."

"Ndiye mwakhala mukuthamanga ndi chiyani?"

"Ndi linalo."

Dokotala anamuyang'anitsitsa. "Mukudziwa kuti ndikangowauza akochi, basi kwatha? Sindingakuloleni kuvala jezi ndi bondo ili. Lero ayi, sabata yamawa ayi."

"Auzeni."

"Bwanji lero? Mwapirira nalo miyezi yonseyi."

"Auzeni kaye, adokotala. Ndidikira."

Dokotala anatenga foni n'kuimbira a Halvorsen. Lyle anamvetsera dzina lake likutchulidwa, anamva mawu akuti sangasewerenso chaka chino, ndipo anamva ngati wina wazimitsa nyali m'chipinda china cha mumtima mwake. Anadikira mpaka foni itaikidwa pansi.

"Tsopano muitane Doiron," anatero. "Dzulo anasochera njira yobwera kuno, anasanza m'mbali mwa msewu, ndipo akuona zinthu ziwiriziwiri. Kuwala kukumupweteka. Funso limodzi akumafunsa kawiri."

Dokotala anayang'ana nkhope ya Lyle, anayang'ana bondo lija, ndipo anamvetsa. "Simukanafunika kuyamba ndi lanuli. Mukanangondiuza."

"Mukudziwa mmene kuno kulili, adokotala," anatero Lyle akutsitsa buluku.

Remi anaitanidwa asanavale n'komwe nsapato za pa ayezi. Anakhalitsa m'chipinda cha dokotala. Potuluka anapeza Lyle atakhala pa benchi ya m'khonde, thumba la ayezi lili pa bondo. Anaima, nkhope itafiira pakati pa ndevu zakuda zija. Ananena mawu angapo m'Chifalansa cha kwawo, amene Lyle sanafune kuti wina amumasulire, n'kupitirira.

Nkhani ziwirizo zinalowa m'chipinda cha osewera nthawi imodzi: Doiron watuluka chifukwa cha mutu, Agogo atuluka chifukwa cha bondo, ndipo wanena zonsezi ndi munthu mmodzi. Anyamata anawerengera okha. Palibe amene anamunyoza Lyle, palibenso amene anamuyamika. Ena ankamulambalala ngati munthu wochokera kumaliro, osadziwa choti amuuze. Kapiteni yekha podutsa anamugunda pang'ono pa phewa ndi dzanja lake labwino lija. Jezi inapita kwa Tuomas, amene anatuluka panja kukaimbira foni amayi ake.

A Halvorsen anamupeza Lyle ali yekha. "Ukudziwa kuti unali iwe? Ndinamuona Doiron dzulo. Ndimati ndimupatse gawo loyamba lokha, ndione. Gemu yotsatira ukanavala iwe."

"Ndimadziwa, akochi."

"Ndiwe chitsiru, Agogo," anatero a Halvorsen, koma ananena mofatsa.

Kunyumba kunalibe womuombera m'manja. Remi anatsekeredwa m'chipinda chamdima, osaloledwa TV, osaloledwa foni, ndipo kwa mlamu wake analibe mawu, ngakhale moni. Kendra atamva zonse kwa dokotala anabwera pamwamba pa masitepe a chipinda chapansi.

"Munati mukanandiuza, achimwene."

"Ndinatero."

"Nonse awiri ndinu ana a bambo athu aja," anatero Kendra. Analira pang'ono, kenako anamutsitsira mbale ya chakudya.

Ntchito ya Lyle masiku amenewo inali kutenga Noemie pa kangolo kake n'kumazungulira naye m'misewu ya m'deralo, akutsimphina, kuti m'nyumba mukhale bata. Pa khomo lililonse panali mbendera ya Akadzidzi. Amuna a ndevu za miyezi iwiri ankathirira maluwa awo n'kumamukuwira kuti chaka chino ndi chathu, ndipo iye ankakweza dzanja.

Akadzidzi anapambana gemu yachisanu. Yachisanu ndi chimodzi anakagonja kumadzulo m'nthawi yowonjezera, imene m'chipulula ilibe malire: mumangosewerabe mpaka wina amwetse chigoli, ndipo chikangolowa, basi zatha. Choncho zonse zinatsalira pa gemu yachisanu ndi chiwiri, pakhomo. Tuomas anasewera mwaulemu, osachita chodabwitsa, osalakwitsa. Akadzidzi anapambana ndi chigoli chimodzi.

Mwambo wake ngwakuti gemu yonyamulira chikho ikamatha, timu ili patsogolo, a masuti amatsika mwakachetechete n'kukavala zonse, jezi, zotchingira, nsapato, kuti pa chithunzi asaoneke ngati alendo. Lyle anavala, ngakhale kuvala kotereku sikuwerengedwa polemba maina pa chikho. Anatuluka pa ayezi ndi jezi youma, yonunkhira sopo, pakati pa anzake onyowa ndi thukuta ndi magazi. Chikho chinayenda kuchokera kwa kapiteni kupita kwa wina, kwa wina, mpaka chinamufika chakumapeto. Anachikweza, ndipo chinali cholemera monga ankaganizira. Anasangalala ndithu, zimenezo asaname munthu. Remi anaima kutali atavala magalasi akuda, thonje lili m'makutu, ndipo chikho chitamufika anachinyamula pang'ono n'kupatsira wina.

M'mawa mwake Lyle anameta ndevu, nalongedza chikwama, nakwera ndege ya ku Saskatchewan. Anapezako tirigu atamera kale.

Chilimwe chikafika, wosewera aliyense wa timu yopambana amapatsidwa tsiku lake limodzi loti atengere chikho kwawo. Tsiku la Remi linali mu Ogasiti. Amene anamuitana Lyle ndi Kendra, ndipo anachita kumuuza kuti akapanda kubwera asadzamutchulenso mlongo. Chichokere mu Juni, alamu awiriwo anali asanalankhulane.

Mudzi wonse wa asodzi unasonkhana padoko. Wansembe anadalitsa chikho, ana a sukulu anajambulitsa nacho, azakhali ake a Remi anachipsompsona ngati mdzukulu. Panali zoimbaimba, ndipo miphika ikuluikulu ya nkhanu inkawira m'mbali mwa nyumba yosungira maukonde. Remi ankaoneka bwino. Magalasi akuda anali atasiya, pakamwa pake panatseguka ngati kale, ndipo madokotala anali atamulola kuyambanso kuthamanga.

Anthu atakhamukira kumiphika, chikho chinatsala chokha patebulo kumapeto kwa doko, mlonda wake ataima chapatali ndi mbale m'manja. Lyle anapita pomwepo. Maina atsopano anali atazokotedwa kale, owala kuposa a zaka zam'mbuyo. Anayamba kuwerenga kuchokera pamwamba, chala chikutsata mzere. Anapeza la kapiteni, la goloboyi, la Doiron, la Tuomas. Ankadziwa bwino lomwe kuti lake palibe. Komabe atafika kumapeto anabwereranso pamwamba n'kuyambiranso, pang'onopang'ono. Kenako anakhala pa bokosi la nsomba limene linali pafupi.

"Mukufunafuna chiyani pamenepo, alamu? Palibe."

Anali Remi, ataima kumbuyo kwake, manja ali m'matumba.

"Ndikudziwa," anatero Lyle.

"Ndinakawapempha akuluakulu a ligi kuti akulembeni. Kapiteni nayenso anapita. Akuti lamulo ndi lamulo."

"Ndinamva."

Madzi ankagunda mizati ya doko. Chapatali Noemie ankayesa kuyenda, atagwira chala cha amayi ake.

"Sindinakukhululukireni," anatero Remi. "Gemu yomaliza ija ndinaimvera m'kachipinda ka pansi pa bwalo, nyali zitazimitsidwa, ngati mbatata m'nkhuti. Sidzabweranso imene ija."

"Sidzabweranso."

"Dokotala wa ku Montreal atayang'ana zithunzi za mutu wangawu anati ndikanagundidwanso sabata imene ija..." Sanamalize. Anayang'ana kumene kunali mwana wake, n'kukanda chibwano. "Ndiuzeni chinthu chimodzi, alamu, koma musaname. Munkaganiza kuti tigonja, eti? Munati poti chikho chapita kale, dzina lilibe ntchito. Mukanadziwa kuti tipambana, mukanapita kwa dokotala uja?"

Lyle anayang'ana chikho, kenako anayang'ana mlamu wake.

"Ndinkadziwa kuti tipambana," anatero.

Remi anagunda mwendo wa Lyle ndi phazi kuti asendere, nakhala pa bokosi lomwelo, ngakhale linali laling'ono kwa amuna awiri, ndipo anakhala pomwepo mpaka Kendra anawaitana kuti chakudya chikuzizira.